Pepala la Kampani Lilibe Dzina Langa

Ndinaganiza zopita ku Joni tsiku limene venda wa ku Blantyre anagula manachesi athu onse akadali aawisi m'mitengo. Ndati athu, koma pakamwa pangoterereka. Mitengoyo ndi ya akuchikazi. Ine ndine mkamwini m'mudzi wina kwa Nthache, ndipo mkamwini amathirira, amapalira, amadulira nthambi, koma wogula akafika amaima patali ngati wodutsa ndi njira. Amene anakamba malonda tsiku limenelo anali a Laitoni, mlongo wawo wa akazi anga, amenenso ndi mwinimbumba. Zimene tinalandira sizinakwane ngakhale matumba awiri a feteleza.

Venda atachoka ndinauza akazi anga, Anambewe, kuti ine ndikupita.

“Mukasakako chiyani chimene kuno kulibe?” anandifunsa.

“Kanthu kanga. Koti ndikadzamwalira ana aziti ichi anasiya ndi bambo.”

Sanandiletse. Anangoti, “Mwana wathu Tadala ali ndi zaka zisanu ndi chimodzi. Muziwerengatu.”

Ndinawalonjeza zaka ziwiri. Ndinakhala zisanu ndi zinayi.

Ndinatulukira pa malire a Mwanza pomwepa, pamene ndinkafika kawirikawiri ndi njinga kudzagulitsa makala kwa madalaivala. Basi itadutsa Zobue ndinatseka maso n'kupemphera kuti Iye amene amayenda ndi anthu ake m'chipululu ayende nanenso. Ndimakhulupirirabe kuti anayenda nane. Chimene sindinapemphe, chifukwa sindinachiganizire, n'chakuti andisungire malo anga kumbuyo.

Ku Joni masiku amene anandidindira mu pasipoti anatha msanga, ndipo kuyambira pamenepo ndinakhala munthu woyenda moyang'ana m'mbali. Ndinkagwira ntchito m'minda ya maluwa, nyumba zitatu pa sabata. Panyumba ina panali mtengo wa manachesi, wobala kuposa yonse ya kwathu. Eni ake sankadya. Zipatso zinkagwa zokha, ndipo ntchito yanga inali kuzitola n'kukazitaya m'bini. Ndinkadya ziwiri nditabisala kuseri kwa garaja, fungo lake likundikumbutsa manja a Anambewe m'nyengo yokolola. Lamlungu tinkapemphera Amalawi okhaokha m'chipinda chobwereka. Mapemphero ankayenda bwino. Chovuta chinali masana ake, ukabwerera m'kanyumba ka malata, wavala jekete labwino, popanda wokufunsa kuti ulaliki unali wotani.

Za kampani ndinazimva kwa Zuze, m'bale wa mumpingo mwathumo, amene makolo ake anathawa nkhondo ku Mozambique n'kukhazikika kufupi ndi Thambani. Iye ankagwira ntchito kwa bwana wogulitsa zipatso, ndipo ankadziwa zambiri.

“Iwe amigo, mashopu aakulu sagula kwa munthu wa dengu,” anandiuza tsiku lina tikuchokera kopemphera. “Amafuna pepala ndi chidindo. Lembetsa kampani, limitedi. Pamaso pa malamulo kampani ndi munthu payekha. Ili ndi dzina lake, akaunti yake ku banki, katundu wake. Ikagwa imagwa yokha, sabwera kudzakuzula malata. Ndipo alamu ako sangaigawane ngati mbuzi ya pamaliro.”

Mawu omalizawo ndi amene anandigwira mtima. Ndinakumbukira munthu uja wa m'Malemba amene anaweta ziweto za apongozi ake zaka zambirimbiri, mpaka anafunsa kuti nanga za banja lake adzagwira liti. Ndinaona ngati funso lakelo ndi langa, ndipo yankho lafika. Ndinasala kudya masiku atatu. Dzina la kampani ndinalipeza ndili m'pemphero: Mame a Kumwamba.

Anambewe anapeza bambo wina pa malire amene amathandiza anthu za mapepala. Tinalankhula naye pa foni. Anati pakufunika chiphaso cha unzika cha mwini aliyense, komanso woyendetsa kampani, dayirekita, akhale munthu wokhala m'dziko muno. Ine ndinachoka ziphaso zisanayambe kuperekedwa, pasipoti yanga inali itatha, ndipo ndikanati ndibwere kudzakonza zimenezi sindikanaloledwa kulowanso ku Joni.

“Musavutike, bambo,” anatero munthuyo. “Tilembe kaye mayi ndi achimwene awo. Mukadzabwera tidzangosintha. Si nkhani.”

Choncho masheya, amene ndi magawo a umwini wa kampani, anawagawa pawiri: ochuluka kwa Anambewe, otsalawo kwa a Laitoni. Satifiketi itatuluka ku Blantyre ananditumizira chithunzi chake. Ndinaonetsa mpingo wonse, foni ikuyenda m'manja m'manja, ndipo tinaimba nyimbo yoyamika. Ndinaona ndithu kuti pamapepala onsewo dzina langa palibe. Ndinadziuza kuti Mulungu akudziwa mwini wake, ndipo zimenezo zinandikwanira.

Zaka zisanu zotsatira ndinadya kamodzi pa tsiku kuti kampani idye. Ndinatumiza ya makreti, ya shedi, kenako ya kagalimoto kakale konyamulira katundu. Mauthenga ochokera kumudzi anasintha. Poyamba ankati mwana watentha thupi, denga likudontha, mukubwera liti. Kenako anayamba kuti galimoto yafera pachitunda, shopu yabweza makreti khumi ati zipatso n'zazing'ono, alimi a ku Thambani akufuna tiziwagulanso. Funso lija loti mukubwera liti linasowa, ndipo ine ndinayesa ndi madalitso.

Panali uthenga umodzi umene ndimaumvabe m'makutu. Unachokera kwa Anambewe, ndipo unafika m'mawa ndikutchetcha kapinga.

“Mayi anga atisiya. Mubwera?”

Ndinayankha kuti ndikatuluka sindidzalowanso, ndipo zonse zimene tayambazi zifa. Ndinatumiza ndalama ya bokosi. Yankho linabwera la mawu awiri: “Zikomo, yafika.”

Sindinabwerere mwakufuna kwanga. Apolisi anatigwira tili chiimire m'mbali mwa msewu kudikira ganyu, anatisunga miyezi itatu kumalo osungirako alendo opanda mapepala, kenako anatikweza basi. Ndinatsika pa malire a Mwanza ndi jumbo imodzi, muli malaya awiri ndi buku langa la Mawu a Mulungu. Ndikuyenda kulowera kokwerera njinga za kabaza, ndinaona kagalimoto koyera kakutsika, pachitseko patalembedwa ndi penti yobiriwira kuti Mame a Kumwamba. Ndinakweza dzanja. Woyendetsa anali munthu amene sindimudziwa. Anandiyang'ana, n'kugwedeza dzanja kusonyeza kuti malo mulibe, n'kudutsa.

Kunyumba anandilandira bwino, ndisaname. Anapha nkhuku. Tadala, mtsikana wamtali tsopano, anagwada patali n'kundipatsa moni monga amachitira kwa abusa. Nyumba inali ya njerwa zootcha, yoikidwa simenti pansi, ndipo pabalaza, pamwamba pa mpando waukulu, panapachikidwa satifiketi ija m'galasi. Ndinadikira sabata yathunthu ndisananene zoti dzina langa lilembedwe pa kampani. Nditanena, Anambewe anapitiriza kusankha nyemba m'lichero.

“Bambo a Tadala, nkhani imeneyo si ya anthu awiri.”

Ndinabwereka njinga kupita ku malire kwa munthu wa mapepala uja. Anandikumbukira, anandipatsa mpando, anamvetsera zonse.

“Malamulo amaona pepala, bambo. Eni masheya akafuna kukugawirani, ndi kusaina chabe, tsiku limodzi zatheka. Akapanda kufuna, ine ndilibe mphamvu.”

“Koma munati si nkhani.”

“Ndinati tidzasintha. Sindinati ndidzawakakamiza.”

Ndinamuonetsa mauthenga onse otumizira ndalama, amene ndinawasunga ngati mwana wa m'diso. Anawayang'ana mwaulemu n'kundibwezera foni.

“Awa akuonetsa kuti munkatumizira akazi anu ndalama. Mwamuna aliyense wa ku Joni amatero. Mukhoza kukaonana ndi loya, mwina angapeze polowera. Koma mukhala mukusumira mayi a ana anu.”

Ndinakankha njinga mtunda wonse wobwerera. Mphamvu yopalasa ndinalibe.

Ankhoswe a mbali zonse ziwiri anakhala pansi Loweruka lotsatira, pamthunzi wa mitengo yomwe ija. Woyamba kulankhula ndinali ine. Ndinanena za njala ya ku Joni, za kuzizira, za dzina limene ndinalipeza m'kusala kudya. A Laitoni anandisiya mpaka nditamaliza.

“Alamu, ndalama zanu sitikuzikana, ndipo Mulungu akudalitseni. Koma ndalama siikwera mumtengo.” Anapinda buluku kuonetsa chipsera chachitali pamwendo. “Ichi ndi cha makwerero. Galimoto ija itafera kutchire ndinailonda masiku awiri ndi katundu akuvunda. Ndipo zimene kampani imagulitsa zimachokera kuti? M'mitengo ya mbumba ino. Inu munkafuna mwana woti akuchikazi asamukhudze, ndiye munamupereka kwa akuchikazi kuti amulere. Wakula tsopano, akuti kwawo ndi kuno.”

Anthu anaseka. Ngakhale nkhoswe yanga inabisa nkhope m'chipewa. Sindinakwiye, chifukwa panalibe bodza m'mawu awo. A Laitoni anamaliza ndi kunena kuti gawo lawo sapereka, koma la mlongo wawo aziona okha.

Maso onse anapita kwa Anambewe. Analankhula motsitsa, akuyang'ana pansi.

“Simunandifunsepo ngati ndikufuna kampani. Ine ndinkafuna munthu wodzanyamula nawo bokosi la mayi anga. Munati kampani ndi munthu. Chabwino, ndi munthu amene ndakhala naye zaka zonsezi. Wandiphunzitsira ana, wandifolera nyumba, ndipo sanandiuzepo kuti akatuluka sadzalowanso.” Anakweza maso n'kundiyang'ana. “Ndikakulembani lero, mawa mukagulitsa gawo lanulo kuti mupeze ya basi. Lumbirani pamaso pa Mulungu amene mumamutchulayo kuti simunaganizepo zobwerera.”

Buku langa linali pamiyendo panga. Ndikanatha kuika dzanja pamenepo, ndipo nkhani ikanatha tsiku lomwelo. Koma ndinali nditaganizapo. Tsiku lililonse chibwerereni, ndikaona kuti pakhomo zonse zikuyenda popanda wondifunsa, mtima unkathawira kumsewu wa Zobue. Dzanja sindinaliike pabukulo, ndipo aliyense anamva yankho langa.

“Ndiye khalani,” anatero Anambewe. “Tikolole limodzi kawiri. Mukadzakhala mukadali pano, tidzakwera basi ya ku Blantyre, ndidzasaina.”

Nkhoswe yanga inafunsa ngati mawu amenewa angalembedwe. Anambewe anati ayi. Anati iwonso zaka ziwiri zija anangouzidwa pakamwa.

Pano ndi nyengo yoyamba. Ndimadzuka m'mawa, ndimakwera makwerero ndi thumba paphewa, ndimathyola, ndimasankha aakulu ndi aang'ono, ndimasanja m'makreti. Dalaivala uja tsopano amandidziwa, amanditchula kuti madala a ku Joni ndipo amandiuza posanjikiza katundu. Venda akabwera, amene amalankhula naye ndi Anambewe, ndipo ine ndimaima patali pomwe paja. Masiku ena ndimadzifunsa chimene ndinapitira. Ndinkafuna kanthu koti akuchikazi asakagwire, ndipo ndinakapanga ndithu, kolimba, kotetezedwa ndi malamulo mbali zonse. Amene katseka kunja ndi ine.

Sindidziwa chopempha ndikagwada. Kupempha kuti Mulungu afewetse mtima wa Anambewe ndimachita manyazi, chifukwa si iwo amene anaumitsa wawo poyamba. Ndimangokumbukira mwana uja amene anabwerera kwa atate ake atakonzeka kukhala wantchito. Iyeyo atate ake anamuthamangira n'kumuveka mwinjiro. Ine andipatsa makwerero, ndipo mwina ndi chifundo chomwecho chitavala zovala za kumunda. Sindikudziwa.

Ndili kutali ndinkayesa kuti kwathu kwaima, kukundidikira monga ndinakusiyira. Koma pakhomo sipakhala mpando wopanda munthu. Wina amakhalapo, ngakhale akhale wa papepala. Masana ndikaweruka ndimakhala pampando waukulu uja, satifiketi ili pamwamba pa mutu wanga, ndipo Tadala amabweretsa madzi osamba m'manja. Dzulo anandifunsa koyamba kuti ku Joni ndinkadya chiyani. Ndinamuuza za manachesi a m'bini, ndipo anaseka mpaka amake anasuzumira pakhomo.

Kukolola kwa chaka chino kwatsala sabata zitatu kuti kuthe. Kwa chaka chamawa kuli m'manja mwa Mulungu ndi mwa Anambewe, ndipo onse awiriwo sanandipatse pepala.