Bambo Amene Sayamba Moni

"Naphiri, nkhani imene munthu wanena akulira, mwini wake ndani? Wonenayo, kapena womvayo?"

A Gerevazio anandifunsa funso limeneli mu Julaye chaka chino cha 1979, titakhala pathanthwe kuseri kwa kachipatala ka mishoni, nkhungu ikukwera kuchokera kudambo pang'onopang'ono ngati nkhosa zokhuta. Kope langa linali m'manja mwawo. Koma ndiyambe ndakuuzani kuti bambowa ndani, ndi mmene kopelo linafikira kwa iwo.

Anabadwira kuno kwathu kufupi ndi Mphunzi, m'banja lolima mbatata ya kachewere ngati mabanja athu tonse. Anaphunzira kumishoni, n'kukhala wothandizira dokotala, kenako anawatumiza ku Zomba, kuchipatala cha odwala maganizo. Anakhalako zaka khumi ndi zinayi. Kumeneko ankagwira ntchito ndi mayi wina, katswiri wa zamaganizo, amene sankabaya jekeseni kapena kulemba mapiritsi. Ntchito yake inali kumvetsera basi. Mayiyo anali ndi kabuku ka malamulo a ntchito yawo, ndipo a Gerevazio anakamasulira m'Chichewa okha, tsamba limodzi Lamlungu lililonse, m'kope lachikuto chakuda limene mpaka lero limakhala m'thumba la jekete lawo. Anabwerera kwathu mu 1971. Ndi bambo wamfupi, wa imvi m'mbali mokha, ndipo akamayenda amaoneka ngati akumvetsera kanthu kena kutali.

Kuno amadziwika ndi zinthu ziwiri: uchi ndi kunyada. Ali ndi ming'oma ya njuchi isanu ndi iwiri paphiri, pafupi ndi miyala ija imene makolo akale anajambulapo zithunzi zoyera ndi zofiira. Uchi amapatsa aliyense, wachifuwa, ansembe, mayi woyembekezera, ngakhale munthu wongopita kukacheza. Kunyadako ndi chifukwa chakuti sayamba kupereka moni. Mukawapatsa inu, amayima, kuvula chipewa, kufunsa za ana ndi za mbuzi zomwe. Koma mukangokhala chete, amadutsa ngati simulipo. Pamsika wa Mayani, tikamagulitsa mbatata ndi amayi, ndimamva azimayi akunong'onezana kuti, "Awo a Dikiramoni akubwera, sungani malovu."

"Sukulu ya ku Zomba inawadyera ulemu," amatero amayi anga. "Ngakhale galu amagwedeza mchira."

Ine ndinalemba mayeso a Sitandade 8 kawiri, osasankhidwa. Chitsirizire sukulu ndimangokhala ngati madzi a m'chidebe chonyamulidwa ndi mwana. Ndikamalima ndimalota ndili m'basi ya ku Lilongwe, munthu wina pampando wakutsogolo akuwerenga magazini, n'kutembenuka kundifunsa kuti, "Kodi Dorika Phiri walemba apayu ndinu?" Magazini imene imabwera kumishoni mwezi uliwonse ili ndi tsamba la owerenga, pomwe munthu amalemba za wina wa kwawo. Ndinati ndilemba za dokotala wonyada uja, dziko lonse lidziwe kuti ku Dedza kuli mtsikana wa cholembera chakuthwa.

Lachinayi lina m'mawa ndinawatsatira kuphiri. Nkhungu inali yokhuthala moti mitengo ya paini inkaoneka yopanda mitu. Ndinabisala kuseri kwa mwala waukulu, pansi pa chithunzi choyera chooneka ngati buluzi wotambasula manja, ndipo njuchi zinkalira chapansipansi ngati kwaya ikuyeserera kutali. Kenako ndinamva mawu a mtsikana. Ndinamuzindikira nthawi yomweyo. Ndimutcha Anjelina, ngakhale si dzina lake. Tinkakhala benchi imodzi kusukulu, ndipo ukwati wake anali atalengeza kale kamodzi m'tchalitchi.

Zimene ananena sindilemba pano. Ndingonena kuti anayankhula nthawi yaitali, analira, ndipo a Gerevazio sanamudule mawu ngakhale kamodzi. Pomaliza mtsikanayo anapempha chinthu chimodzi, kuti akuchimuna asamve. Kwathu kuno ankhoswe akamafufuza mtsikana amafunsa ngati m'banjamo muli misala, ndipo sasiyanitsa wamisala ndi munthu amene mtima wangomulemera. Atangomva kuti Anjelina amakwera phiri kukayankhula ndi dokotala wa ku Zomba, ukwati ukanathera pomwepo. Anjelina anatsika atanyamula kabotolo ka uchi, ngati wina aliyense.

Ine ndinatsika ndikuuluka. Ndinali nditapeza nkhani yeniyeni! Ndinalemba masamba asanu ndi limodzi, ndipo anayi mwa iwo anali a Anjelina: dzina lake, mudzi wake, mawu ake onse mmene anatulukira. Ndinkaona kuti ndawalemba mwachifundo. Ndinkaganiza kuti owerenga akalira, n'kunena kuti mtsikana walemba uyu ali ndi mtima. Envelopu ndinagula, sitampa ndinamata. Chinatsala ndi chimodzi: ndinkafuna a Gerevazio aone okha, andiyamikire, mwinanso andibwereke chithunzi chawo. Loweruka ndinapita kukachipatala.

"Mwaswera bwanji, bambo?"

"Ndaswera, kaya iwe, Naphiri. Chifuwa kapena uchi?"

"Ndakulembani m'nkhani."

"Ine? Ndalakwanji?"

Tinakhala pathanthwe paja. Tsamba loyamba anawerenga akuseka. "Dikiramoni! Ndiye dzina langa limeneli? Ndimayesa amanditcha Chimphuno." Tsamba lachiwiri anasekabe. Atafika lachitatu, nkhope inazima ngati makala othiridwa madzi. Anawerenga mpaka kumapeto, n'kutseka kope, n'kundifunsa funso lija.

Kenako anatulutsa kope lawo lakuda. Mapepala ake anali ofewa ngati nsalu. Sanandiwerengere zambiri. Anangondionetsa mzere umodzi wolembedwa ndi inki yabuluu: zimene munthu wakuuza pofuna thandizo ndi zake, iwe wangosungitsidwa.

"Pali khomo limodzi lokha lotulukira," anatero. "Moyo wa munthu ukakhala pangozi, ndimanena, ndipo ngakhale pamenepo ndimayamba ndamuuza mwiniwake kuti ndikukanena. Zina zonse zimafera kuno. Chaka chatha kunabwera mkulu wina wa chipani kudzafunsa zimene wina amandiuza kuphiri. Ndinamupatsa uchi, n'kumulonjeza kuti za chifuwa chake sindidzauza munthu."

"Sanakwiye?"

"Anakwiya. Uchi anatenga."

Ndinaseka. Ndinati, "Komatu bambo, ine si dokotala. Malamulo anuwo sandikhudza."

"Zoona. Sindingakuletse. Positi ofesi ya ku Mayani imatsegula m'mawa, njira ukuidziwa." Anayang'ana nkhungu ija. "Walemba kuti ndine wonyada. Ukufuna kudziwa kunyadako kunayamba liti?"

Anati chaka chimene anabwerera, anakumana pamsika ndi bambo wina amene ankamuthandiza pa vuto la maganizo. Anasangalala kumuona akuyenda bwino, akugula mchere ngati munthu aliyense. Anamuthamangira, kumugwira dzanja ndi manja awiri, n'kumufunsa mokweza kuti, "Nanga tulo tikubwera masiku ano?" Anthu anamva. Pasanathe mwezi ana ankamukuwiza panjira, anzake anamuchotsa pa udindo wake kumpingo, ndipo mkazi wake anamuuza kuti anyamule zake abwerere kwawo.

"Sindinaulule chinsinsi chilichonse, Naphiri. Ndinangopereka moni. M'kabuku ka mayi uja munali mawu akuti ukakumana ndi wodwala wako kunja, mlekere iye asankhe ngati akukudziwa. Ndinkati zimenezo n'za kwawo, kwathu moni ndi ulemu. Nditaona zija ndinati chabwino, odwala anga sindiziwayamba. Koma taganiza, pamsika ngati wa Mayani, ndikapatsa moni anthu makumi awiri n'kudumpha mmodzi, si ndamuloza ndi chala? Ndiye ndinaleka kwa onse. Amayi ako omwe, andikhululukire."

"Nanga bwanji simuwafotokozera anthu?"

"Ena ndinawafotokozera, akuti ndi nzeru za onyada. Bola azinditcha Dikiramoni. Dzina silithetsa ukwati wa munthu."

Nkhungu inali itatifika tsopano, moti denga la kachipatala linasowa, ndipo tinali ngati takhala pachilumba. Ndinaganiza za zaka zisanu ndi zitatu zimene bamboyu wakhala akudutsa pakati pa abale ake, moni uli pakamwa, n'kumaumeza. Kwathu kuno mwana amaphunzira moni asanaphunzire kuwerenga zala.

Anandibwezera kope langa ndi manja awiri, ngati akupereka kwa munthu wamkulu.

"Ukudziwa kulemba, zimenezo usakayike. Njuchi zija wazilemba ndinazimva zikulira. Koma vuto lina ndi langa. Ndinkadalira njuchi kuti zizilondera, osazungulira mwala kuona ngati kuli munthu. Lachinayi mtsikana uja akabwera ndimuuza kuti tinamvedwa."

"Mumuuza? Bambo, adzafa ndi mantha!"

"Adzaopa, inde. Koma ndinamulonjeza kuti palibe akumva, ndipo sizinali zoona. Ayenera kudziwa, kuti asankhe yekha ngati abwerenso. Dzina lako sinditchula."

"Ndiye azidzayang'ana aliyense m'tchalitchi, osadziwa kuti wamva ndani?"

Analowa mkati, n'kutuluka ndi kabotolo ka uchi. "Ka amayi ako. Mawu awo ndawaona m'kopemo. Uwauze kuti galu wagwedeza mchira."

Ndinabwerera kudzera m'minda ya mbatata, envelopu ya sitampa ili m'kope. Njira yonse basi ya ku Lilongwe ija inkandiyendera m'mutu, koma tsopano munthu wa pampando wakutsogolo akatembenuka, ankakhala apongozi ake a Anjelina, magazini ili m'manja. Ndinayesa kuwachotsa kuti pakhale munthu wina, anakana kutsika. Lamlungu m'tchalitchi analengeza ukwati kachiwiri. Anjelina anali mizere iwiri patsogolo panga, atavala duku yobiriwira, ndipo dzina lake litatchulidwa anaweramitsa mutu, azimayi akumugwedeza ndi zigongono.

Tikutuluka m'pamene ndinatsimikiza. Masamba anayi aja ndiwang'amba, ndipo sindiwawotcha ndekha, ndikampatsa mwiniwake m'manja. Ndipita kwawo Lolemba, Lachinayi lisanafike, ndikamuuze kuti amene anali kuseri kwa mwala ndine, kuti asamayang'ane anthu onse ndi mantha. Akandilavulira, andilavulire. Zotsalazo ndizilembanso, dzina lake ndisinthe, mudzi wake ndisautchule, kenako ndikamuwerengere mawu ndi mawu. Akati ayi, ngakhale pa mzere umodzi, mzerewo uchoka. Akati ayi pa zonse, sitampa ija ndidzatumizira kalata kwa azakhali anga ku Kaphuka.