Mafilimu Osalankhula a Bambo a Safina

A Jafali a ku Umbilo, mumzinda wa Durban, ankadyera ntchito yopopera mankhwala a mphemvu m'mafulati, koma Lamlungu ankagona chafufumimba m'kapinga kujambula tizilombo. Munthu wake analidi wodabwitsa: mkati mwa sabata kupha, kumapeto kwake kusilira. Pa kamera yawo yakale anamatapo kagalasi kosuzumira pachitseko, ndipo mutu wa nyerere unkadzaza TV yonse. Ankatha kudikira chiwala mpaka zigongono kuchita dzanzi, ati kuona maso a nkhono n'kudekha.

Filimu iliyonse ankailankhulira okha m'Chichewa, kuti mwana wawo Safina, wobadwira ku Durban, adzakule akumva zakwawo. "Uyu ndi chiswamphika, akuoneka ngati akupemphera koma ndi chigawenga. Ili ndi linthumbu, ukaliponda uvina wopanda ng'oma."

Mu 2008, alendo ochokera m'mayiko ena atayamba kuthamangitsidwa, mneba wina anagogoda n'kufunsa kuti chikumveka pa TV ndi chilankhulo chanji. Mantha anawagwira a Jafali. Tsiku lomwelo anakhala pakompyuta n'kuyamba kufufuta mawu awo m'mafilimu onse.

"Bambo a Safina, bwanji osangotsitsa voliyumu?" anawadandaulira akazi awo, a Mariamu.

"Ndidzalankhuliranso zinthu zikazizira," anayankha choncho.

Zinthu zinazizira, koma zengerezu adalinda kwawukwawu. Panali tombolombo wofunika kujambula, panali ngumbi za mvula yoyamba, mawu ankati aika mawa. Pakhomo napo Chizulu chinalowerera, poti ndicho chinali chosaopsa pamakwerero a fulati. Kenako pammero panayamba kuvuta. Ankapopera mankhwala osaphimba kukamwa, ati chophimbacho chimawatentha, ndipo chifuwa ankachinyozera. Mu 2011 madokotala anawachita opaleshoni. Moyo unatsala, mawu anapita.

Zimenezi zinkawapweteka kuposa bala. Mafilimu analipo mulu, okongola, ndevu za mphemvu zikugwedera ngati bango, koma onse ali zii ngati mwini wake.

Tsiku lina mu 2015 anapeza Safina, atasinkhuka tsopano, akuonera pa TV chiswamphika chija chikupukuta nkhope ndi miyendo yakutsogolo.

"Baba," anatero mtsikanayo osacheuka, "amayi akuti kale munkalankhula m'menemu. Eish, ine ndaiwala. Mawu anu ankamveka bwanji?"

A Jafali anatenga rimoti, n'kukweza voliyumu mpaka pamapeto, ngakhale ankadziwa bwino zimene anachita ndi manja awo. Safina anasendeza khutu pafupi ndi TV n'kudikira.