Tsiku Limene Idella Anasiya Mwamuna Wake M'galimoto

Idella Rohr anabadwira kumadzulo kwa Kansas, m'nyumba yomangidwa ndi zibuma za dothi, kudera lathyathyathya kumene mlendo umamuona kum'mawa koma iye n'kudzafika dzuwa lili pamutu. Bambo ake ankaweta ng'ombe. Nthawi imeneyo dziko lonse linali udzu wokhawokha, waufupi, wolukana ngati mphasa, ndipo mphepo inkangodutsa pamwamba osanyamula kanthu.

Anakula ali wamtali, wa manja okhakhala, wosadziwa kusunga mawu m'kamwa. Anthu anadabwa atakwatiwa ndi Anselm, mwamuna wamfupi, wofatsa, amene chomwe ankadziwika nacho n'kuimba besi kutchalitchi. Amayi a m'deralo ankanong'onezana kuti m'nyumba imeneyo thalauza lavalidwa ndi mkazi. Anselm atazimva anangoseka n'kunena kuti zilibe kanthu, likumukhala bwino kuposa iyeyo. Anabereka mwana mmodzi, Lorene, amene atakula anakwatiwa n'kupita kutali ku Oregon.

Zaka za nkhondo yaikulu yoyamba ya dziko lonse ndi zotsatira zake, aliyense anapenga ndi tirigu. Mathirakitala anagalauza udzu uja kuchokera kumene maso ayambira mpaka kumene alekezera. Anselm nayenso anagalauza wake. Idella anasunga nkhukundembo zake ndi ng'ombe zamkaka zochepa, ndipo ankaphika buledi wa tirigu wa m'munda mwawo. Moyo unkayenda.

Kenako mvula inasiya, ngati munthu wokwiya amene sanena chomwe mwamulakwira. Chaka choyamba anthu anati ibwera. Chachiwiri anati sizingapitirire. Pofika chachinayi dothi linali litauma ngati ufa, ndipo mphepo ija inayamba kulinyamula. Idella ankanyowetsa nsalu zofunda n'kuzipachika m'mawindo, koma pofika madzulo zinkakhala zitasanduka matope. Fumbi ankalichotsa m'nyumba ndi fosholo. Chakudya ankadyera pansi pa nsalu ya patebulo, komabe mchenga unkalumikabe m'mano. Nkhukundembo zinafa imodziimodzi. Ng'ombe ina itafa anaitumbula, n'kupeza m'mimba mwake muli dothi lokhalokha.

Chakumpoto kwawo, kumbali ya msewu wopita kutauni ya Ransel, kunali munda wa Clovis Banta ndi mkazi wake Myrtle. Clovis anali atagwa mphwayi, osalimanso ngakhale mizere yotchinga mphepo, choncho dothi lake lonse linkathera kwa a Rohr mpaka kukwirira khola. Tsiku lina potuluka m'tchalitchi Idella anamuimitsa anthu onse akuona.

"A Banta, munda wanu uli m'khitchini mwanga. Mubwere ndi ngolo mudzautenge, ine ndatopa kuusesa."

Anthu anaseka. Clovis sanaseke. Kuchokera pamenepo mabanja awiriwo analeka kupatsana moni.

Kumayambiriro kwa chaka cha 1935 Anselm anayamba kutsokomola. Poyamba anali kungoti ndi chimfine, koma kenako anasiya kuimba chifukwa mpweya sunkamukwanira. Akalavula, makhololo ankatuluka akuda. Dokotala anati n'chibayo cha fumbi, chomwe chinali chitatenga kale ana ndi okalamba ambiri m'deralo. Anawauza kuti chipinda chapansi cha tchalitchi china ku Ransel achisandutsa chipatala, kuli anamwino, ndipo amutengere kumeneko. Anselm anakana. Anati opita kumeneko amabwerako m'bokosi, ndiye bola afere pabedi lake. Idella anamukalipira, anamunyengerera, anamupaka mafuta otentha pachifuwa, koma munthu ankangotha.

Lamulungu lina la mwezi wa Epulo kunacha bwino modabwitsa. Kumwamba kunali mbee, mphepo kulibe. Idella anatsegula mawindo koyamba pa miyezi yambiri, anachapa nsalu n'kuyanika panja. Koma atalowa kuchipinda anapeza mwamuna wake thupi lili moto, milomo itada, akupuma ngati mwana wa mbuzi wotsamwa. Sanamufunsenso maganizo. Anamuveka malaya ake akutchalitchi, anamunyamula ngati mwana n'kukamukhazika m'galimoto.

"Mukundiba, mayi inu," anatero Anselm ndi mawu otsika.

"Ndikube iwe? Ndani angakugule?" anayankha Idella, uku akumangirira tcheni kumbuyo kwa galimoto kuti chizikhwekhwereza pansi, monga ankachitira onse poopa nyesi za m'fumbi zimene zinkazimitsa injini.

Anatenga botolo la madzi ndi tinsalu tiwiri, ananyamuka chakumasana. Msewu unali ndi milu ya mchenga moti ankayenda pang'onopang'ono. Atafika pamene mpanda wa waya wa a Banta umayambira, Idella anaona mbalame zambirimbiri zikuuluka chapansipansi kulowera kum'mwera, zikulira. Kenako kunazizira mwadzidzidzi. Atakweza maso anaona kumpoto kwaima chinthu ngati phiri lakuda, lochokera pansi mpaka kumwamba, likugubuduzika kubwera kwa iwo popanda phokoso lililonse.

Anaganiza zotembenuka, koma mumsewu munalibe malo. Anaponda moto kuti mwina afike kwa a Banta. Galimoto inatsokomola, inanjenjemera, n'kuzima. Nthawi yomweyo mdima unawagwera. Idella anaika dzanja pamphuno pake koma sanalione. Miyala ing'onoing'ono inkawomba magalasi, galimoto inkagwedezeka, ndipo fumbi linkalowa paliponse ngati utsi.

Ananyowetsa kansalu n'kumuphimba mwamuna wake kumaso. Kakauma, ankanyowetsanso. Anselm ankatsokomola mpaka kupindika, akumugwira mkono mwamphamvu, kenako n'kulekerera. Idella ankamuitana dzina, ndipo nthawi zina ankayankha, nthawi zina ayi. Madzi anatha. Anayesa kunyowetsa nsaluyo ndi malovu koma m'kamwa mwake munali matope. Apa ndi pamene mantha anamugwira zenizeni. Anadziwa kuti mpanda uli cha kudzanja lamanja, mapazi ochepa kuchokera pagalimoto, ndipo munthu akautsatira umakamusiya pakhomo pa a Banta. Kumeneko kunali madzi, nyali, ndi manja a mwamuna wina. Anavula chikhoti chake n'kumufunditsa Anselm.

"Ndikupita kwa a Banta kukatenga madzi. Musatuluke, mwamva? Olo mumve lipenga la Gabirieli, inu mukhale pompano."

"Kwa a Banta?" Anselm anayesa kuseka koma chifuwa chinamutsekereza. "Mukapereke moni kaye musanayambe kutukwana."

"Ndati mwamva?"

"Ndamva, mayi. Ndipita kuti ine ndi miyendo iyi?"

Chitseko chinavuta kutsegula, ndipo atatuluka mphepo inamugwetsa. Anakwawa mpaka anagunda mtengo wa mpanda. Atagwira waya, nyesi zinamumenya mpaka m'chigongono. Anakulunga dzanja m'mpendero wa diresi n'kugwiranso. Anayenda chogwada, maso ali otseka, minga ya waya ikumung'amba zikhatho. Penapake mchenga unali utakwirira mpanda wonse, ndipo anachita kufukula ndi manja kuti aupezenso. Anapemphera, anatukwana, anapempheranso. Sanadziwe kuti wayenda nthawi yaitali bwanji. Anangozindikira mutu wake wagunda thabwa la chitseko cha a Banta, ndipo anayamba kumenya ndi zibakera.

Myrtle ndiye anatsegula. Anamukokera mkati munthu amene sanamuzindikire, wakuda bii, magazi ali chuchuchu m'manja. Idella analephera kutsegula maso, zikope zitamatana ndi dothi. Anangoti, "Anselm ali m'galimoto pamsewu." Clovis anaimirira pomwepo. Anatenga chingwe, nyali ndi chigubu cha madzi. Myrtle anayesa kumukhazika pansi kuti amutsuke m'maso, koma Idella anangodzithira madzi kumaso n'kuimirira. Clovis anamumanga chingwe m'chiuno, mbali ina anadzimanga yekha, ndipo anatuluka.

Pobwerera, mdima uja unali utayamba kufiira, moti munthu ankatha kuona mitengo iwiri ya mpanda kutsogolo. Galimoto anaipeza itakwiririka mpaka m'matayala. Chitseko cha mbali ya Anselm chinali chotsegula. Pampando panali mulu wa mchenga ndi kansalu kouma kaja.

Idella anakuwa dzina la mwamuna wake mpaka mawu anatha. Anazungulira galimoto, anasuzumira pansi pake, anafukula milu ya mchenga ndi manja ong'ambika aja. Mapazi panalibe, mphepo inali itafufuta zonse. Clovis anayenda naye uku ndi uku, chingwe chili m'chiuno. Dzuwa litalowa anamuuza kuti abwerere, apo ayi afa onse awiri. Idella anamumenya pachifuwa, anamutchula mayina oipa, koma Clovis anangomukoka ngati ng'ombe yokana goli mpaka kunyumba.

M'mawa mwake amuna a m'deralo anasonkhana n'kuyenda mondondozana m'minda. Anselm anamupeza atamwalira tsidya lina la msewu, atatsamira mpanda wa munda wina, pafupi kwambiri moti munthu ataima pagalimoto akanatha kumuponyera mwala. Mchenga unali utamukwirira mpaka m'chifuwa. Chikhoti cha Idella sanavale. Anachipinda bwinobwino n'kuchikumbatira pamimba.

Ena anati kutentha kwa thupi kunamusokoneza mutu. Ena anati anaona kuti mkazi wake wachedwa, kunja kwazizira, ndiye anamulondola kuti akamupatse chikhoticho, koma mumdima anagwira mpanda wolakwika. Pamaliro Idella sanalire. Anaima chilili, manja atakulungidwa m'nsanza, akuyang'ana amuna akulimbana ndi dzenje limene mchenga unkangobwereramo. Nyimbo zinaimbidwa mopereweza chifukwa aliyense ankatsokomola.

Lorene anabwera pasitima patapita masiku, n'kumuchonderera mayi ake kuti atseke nyumba apite limodzi ku Oregon, kumene kuli mitengo ndi mvula. Idella anati sangasiye mwamuna wake yekha kachiwiri. Lorene analira, anakwiya, anabwerera yekha.

Diso lamanzere la Idella silinaonenso. Ng'ombe zotsala zinafa chilimwe chomwecho. Ankadya nyemba ndi ufa umene boma linkagawa kutauni, iye amene kale sakanalola kuti munthu amuone pamzere wolandira. Masiku a fumbi ankakhala pansi m'khitchini, nsalu kumaso, osayatsa nyali. Myrtle ankabwera ndi mkaka kapena mazira, n'kukhala naye. Clovis anabwera ndi thirakitala yake n'kulima mizere m'minda yonse iwiri, osapemphedwa. Sizinathandize kwenikweni. Mphepo inafafaniza mizereyo pasanathe mwezi.

Chaka chotsatira a Banta nawonso anagonja. Anapakira katundu pa lole kuti azipita kumadzulo monga anachitira ambiri. Myrtle atabwera kudzatsanzika, amayi awiriwo anakhala pakhonde akumwa khofi wopanda shuga. Apa ndi pamene Idella analankhula za tsiku lija, kamodzi kokha m'moyo wake. Anati anamva kuti banja lina linatsekeredwa m'galimoto pamsewu womwewo, chakutsogolo pang'ono, ndipo linangokhala phee mpaka fumbi linachepa. Onse anapulumuka, ndi khanda lomwe.

"Ndikanangokhala, Myrtle. Ndikanangokhala pansi n'kumugwira dzanja."

Myrtle anamuuza kuti Anselm anali atatha kale, mwina sakanafika n'komwe madzulo. Idella anapukusa mutu. Anati mwina n'zoona, koma akanafera pamiyendo pake, osati pawaya ngati chinsanza.

Mvula inadzabwera patapita zaka zina zitatu. Inapeza nyumba zambiri zilibe anthu, sukulu itatsekedwa, ndipo kutchalitchi kunkasonkhana anthu osadzaza mabenchi awiri. Idella anakhalabe pamalo pake, akuweta nkhuku zochepa, akukalamba, akuyenda ndi ndodo. Galimoto ija anthu anaikokera kuseri kwa khola ndipo sanaikwerenso. Akafuna kupita kutauni ankadikira wonyamula makalata kuti amutengeko.

Anamwalira m'nyengo yozizira ya 1951, atagwa pa ayezi pamene ankapita kukatunga madzi pamjigo. Wonyamula makalata uja ndiye anamupeza. Lorene anafika maliro ataikidwa kale chifukwa sitima inachedwa ndi chipale chofewa. Anatenga makina osokera ndi mbale zingapo, nkhuku anagawira anthu, n'kukhoma chitseko ndi misomali.