Tsiku Lomwe a Kopolo Adatenga Thumba la Akazi Awo

Mukafika kwa Chulu n'kufunsa kwa a Cornelius Mbewe, anthu angokuyang'anani ngati mwasokera. Nenani kuti kwa a Kopolo, aja oyenda ndi chipatala paphewa. Apo ndiye aliyense akulozerani njira, kwinaku akumwetulira.

Bambowa adalowa usilikali ali mnyamata, masamu atawakana kusukulu. Zaka zimene asilikali athu ankalondera njanji ya ku Nacala, nkhondo ili mkati ku Mozambique, iwo adali komweko. Zakumeneko sakamba. Nkhani imodzi yokha ndiyo adauzako mkazi wawo Ezelina, amene amamuitana kuti Nankhoma, kamodzi kokha, akusenda mtedza pakhonde. Idali ya mnzawo Ephraim wa ku Mtunthama, amene adalasidwa pantchafu ali kumchira kwa sitima, bokosi la mankhwala lili kumutu. Mmene bokosilo linkafika n'kuti munthu atazizira.

"Bala lake silidali lakupha munthu, Nankhoma," adatero. "Adangotha magazi ine ndikupenya, m'manja ndilibe kanthu."

Atapuma ntchito adabwerera kumudzi n'kuyamba kulima fodya wa bale, maekala awiri, ndi chimanga chakudya. Koma chiyambire za Ephraim, a Kopolo sadatulukenso pakhomo opanda zomangira mabala. Kumunda nazo, kumaliro nazo, pamzere wa makuponi nazo. Ankazisunga m'kachikwama kausilikali mpaka makoswe adakaboola.

Chaka chimene adalandira makuponi koyamba, Ezelina adachapa matumba awiri a feteleza kudambo, n'kusoka timatumba tiwiri tokoleka paphewa. Msinkhu umodzi, zingwe zofanana, ngakhale zilembo zobiriwira zija zidagwera pamalo amodzi. Thumba lina adaikamo zake zosokera fodya: masingano a sipokosi ya njinga, zingwe ndi kampeni. Linalo adapatsa amuna ake, ndipo mpamene vuto lidayambira.

Abale inu, munthu kukonda thumba kuposa mbuzi! Lamlungu loyamba la mwezi uliwonse, akaweruka kutchalitchi, a Kopolo ankayala mphasa n'kukhutula zonse. Chilichonse chidali m'jumbo yake ya shuga, yochapa bwino, yomanga pakamwa kuti mvula isalowe. Pansi penipeni ankaika zakumwa, panado ndi timapaketi ta thanzi. Pakati zotsukira: sopo, thonje, ayodini, lezala losatsegula, sizasi ndi magolovesi amene a Uthman a pagolosale ankawabweretsera kuchokera kuboma. Pamwamba pankakhala nsalu zoyera zopinda mochindikala, cholembera, ndi lamba wa nsalu yolimba wotambalala ngati zala zinayi, womangirira ku kamtengo ka muwanga kosalala.

"Choletsa magazi pamwamba," ankatero. "Mutu ukhoza kudikira mpaka madzulo. Magazi sadikira."

Nsalu zoyerazo ndizo zidamupweteka mtima Ezelina. Idali nsalu yoyala pabedi imene mwana wawo Gladness adawatumizira kuchokera ku Lilongwe, yatsopano, sadagonerepo n'kamodzi komwe. Tsiku lina akuchokera kuchigayo adapeza theka lake lang'ambidwa, likubwata mumphika wake wa ndiwo. Adalankhula tsiku limenelo mpaka nkhuku zidathawa pabwalo. A Kopolo adangoyanika nsalu zawo, n'kuzisita ndi simbi yamakala.

Ndiye ngati zimenezo n'zochepa, akatha kulongedza ankatambasula mwendo.

"Bwerani, Nankhoma, tiyesere."

"Aa, nanga mwendowo walakwanji? Ine ndili ndi zochita."

"Mangani pamwamba pa bala, osati pabondo. Lowetsani kamtengo. Potani. Ndikalira musaleke."

Ezelina ankamanga, inde, koma ankamanga akung'ung'udza, maso ali kunjira kuopa kuti anzake a kumvano amuona akupota mwendo wa mwamuna wabwinobwino. Anthu nawo pakamwa sadatsekepo. "A Kopolo, nkhondo idatha kalekale!" Iwo ankangoyankha kuti tsoka silinunkha, basi n'kumapita.

Chaka chachitatu cha makuponi mvula idagwa bwino, fodya adachita kutalika mpaka m'mapewa. Mwezi wa Febuluwale udafika ndi ntchito yake yosapumitsa ija: thyola, soka, pachika, mawa thyolanso. Pakati pa zonsezo chigafa chidayamba kupendama, chiswe chitadya mphanda ziwiri. A Kopolo adapempha mnzawo Lazaro, tenanti wochokera ku Phalombe wa paesiteti yoyandikana nawo, kuti akawathandize kudula mphanda zina m'mabulugamu awo kutsidya kwa dambo.

Matumba aja ankakhala kuseri kwa chitseko, la bambo pamsomali wa kumanja, la mayi wa kumanzere. Koma dzulo lake denga lidadontha mbali ya kumanja, ndipo Ezelina, pofuna zabwino, adawasinthanitsa kuti mabandeji asanyowe. Kuwauza adaiwala. M'mawa a Kopolo adangotambasula dzanja pomwe amatambasula masiku onse, nkhwangwa paphewa, ulendo.

Dzuwa litakwera pang'ono Ezelina adakhala pansi pa chigafa, mulu wa masamba uli pambali, n'kupisa dzanja m'thumba kufuna singano. Adatulutsa jumbo ya nsalu zoyera.

"Asa! Koma bambo amenewa!"

Singano wina pakhomo padalibe, anansi onse adali kusokera awo. Fodya wothyola ukamusiya pamulu amatentha n'kuda, ndipo wakuda kumsika samuyang'ana n'komwe. Ezelina adamanga chitenje, thumba paphewa, n'kuuyamba wa kudambo. Musaganize kuti adapita chifukwa cha chikondi, iyayi. Adapitira singano, ndipo njira yonse ankakonza mawu oti akawalandire nawo. Zoti wasinthanitsa matumba ndi iye mwini adazikumbukira ali pakati pa dambo, matope ali m'mawondo, koma adaganiza kuti zimenezo akazisiya kaye.

Atawoloka adaima. Mabulugamu adali apo, koma nkhwangwa sinkamveka. Amuna awiri odula mitengo, kuli zii? Kenaka adamva mawu a Lazaro, osakhala oitana munthu, ongolira: "Mayo! Mayo ine!"

Mayi wa zaka makumi asanu adathamanga liwiro la mtondo wadooka.

Adapeza a Kopolo atatsamira chitsa, mwendo wa kumanzere uli chuchuchu. Nkhwangwa idaterereka pamtengo wonyowa n'kulowa m'katumba, pansi pa bondo. Magazi ankatumpha motsatana ndi kugunda kwa mtima, malaya amene adakulungapo atafiira psuu. Pa udzu padali zinthu za m'thumba lake iye, zitamwazika: masingano, kampeni, mbatata ziwiri zootcha. Lazaro adayesa kumanga mwendowo ndi chingwe chosokera fodya, chidaduka kawiri. Tsopano dzanja lina adali atatapa dothi la pachulu, linalo akutsegula kabotolo ka fodya wamphuno.

"Mayi, kwathu timathira zimenezi, amaleka!"

"A Lazaro, mukathira fodyayo pabalapo ine ndikuthirani m'maso! Tayani!"

Milomo ya a Kopolo idali itayera, manja ali lende. Adamuyang'ana mkazi wawo, n'kuyang'ana thumba lili paphewa pake, ndipo mawu adatuluka ngati a munthu wolota.

"Chapamwamba, Nankhoma."

Ezelina mtima udali phaphapha, koma manja ake adadziwa njira okha. Adang'amba jumbo, n'kuika nsalu yopinda pabalapo, n'kugwira dzanja la Lazaro kuliika pamwamba. "Kanikizani ndi thupi lonse, musasuzumire." Nsalu idanyowa nthawi yomweyo. Adasanjikiza ina osachotsa yoyambayo, nayonso idafiira. Apo adatulutsa lamba uja, n'kuuzunguliza pantchafu pamwamba pa bondo, mfundo imodzi, kamtengo, mfundo ina. Adapota. Adapotanso. A Kopolo adakuwa mokuti mbalame zidabalalika m'mitengo.

"Mayi, muwapha!" adatero Lazaro.

Ezelina misozi idali mbwembwembwe, koma sadaleke. Si adanena okha kuti ndikalira musaleke? Adapota kachitatu, kachinayi, mano atalumana.

"Tukulani dzanja pang'ono tione."

Lazaro adatukula. Magazi adali atasiya kutumpha. Adadikira, maso onse ali pansaluyo. Sipadatulukenso kanthu.

Ezelina adamangirira kamtengoko kuti kasabwerere, n'kutenga cholembera. Sukulu adalekezera Sitandade 4, koma manambala amawadziwa. Adayang'ana wotchi ya pamkono pa amuna ake n'kukopera pantchafu pawo monga momwe idalembera, 9:20. Atatero adamuuza Lazaro kuti athamangire ngolo kuesiteti, ndipo akapeza eni ake akukanakana angomanga ng'ombezo, zokamba zidzakambidwa pambuyo.

Atatsala awiri adavula chitenje chapamwamba n'kuwafunditsa. Maso a a Kopolo ankafuna kutsinzina.

"Musagone! Mukagona mundisiyira ndani chigafa chopendamacho? Penyani kuno. Tchulani mayina a adzukulu anu."

Adatchula, mmodzimmodzi, wachitatu adamuphonya, Ezelina n'kuwakalipira. Adawakalipira choncho m'ngolo njira yonse, mutu wawo uli pamiyendo pake, mpaka pachipatala chaching'ono cha kuderako. Namwino adavundukula chitenje, n'kuona lamba, n'kuona manambala.

"Wamanga apa ndani?"

Ezelina adadziwa kuti basi, walakwitsa, mwendo wauwononga ndi iye. "Ndine, mayi. Pepani, ndimangotsatira zomwe amanena eni akewo."

"Pepani wa chiyani? Mukadapanda kutero bwenzi mwabwera ndi maliro. Ndipo nthawiyi mwatithandiza nayo kwambiri."

Apo mpamene Ezelina adakhala pansi pasimenti pomwepo n'kulira mokweza ngati pamaliro, anthu a pamzere n'kumafunsana kuti wamwalira ndani. Sadamwalire munthu. Ambulansi idawatengera kuboma, adawasoka, adawaonjezera magazi, ndipo dokotala adati mwendo sudulidwa.

Tsiku lachitatu, akuwamwetsa phala m'wodi, Ezelina adalephera kusunga chinsinsi chake.

"Bambo a Gladness, matumba aja ndidasinthanitsa ndine. Denga linkadontha. Ndikadakuphani ine."

A Kopolo adameza phala lawo mosafulumira. "Mukadapanda kusinthanitsa, inu bwenzi muli pachigafa mukusoka fodya. Ine thumba ndikadakhala nalo, inde, koma manja adandithera msanga, kupota sindikadatha. Ndikadatsala ndi a Lazaro ndi fodya wawo wamphuno."

Ezelina adaseka misozi ili m'masaya, ndipo mtima wake udakhala pansi koyamba chichokere kudambo kuja. Mulu wa fodya uja adakaupeza utada bii. Adautaya kudzala osatukwana ngakhale kamodzi, chinthu chimene anansi ake amachikamba mpaka lero.

A Kopolo adatuluka m'chipatala akuyendera ndodo. Chigafa adachipeza chitaima, Lazaro ndi matenanti anzake ataika mphanda zatsopano. Lamlungu loyamba la mwezi wotsatira adadziyalira mphasa pakhonde n'kuitana kuti awapatse thumba lawo, aone zimene zidatha. Ezelina adatuluka ndi matumba onse awiri n'kuwaika patsogolo pawo.

Adatsegula loyamba. Pamwamba nsalu zoyera zatsopano, lamba, kamtengo, cholembera, pakati zotsukira, pansi zakumwa. Adatsegula lachiwiri. Chimodzimodzi, ndipo masingano ndi zingwe zidali m'kathumba kena kosokerera kunja. Adafunyulula nsalu imodzi n'kuizindikira mpendero wake. Lidali theka lotsala lija la nsalu ya Gladness, limene Ezelina adalibisa pansi pa sutikesi zaka ziwiri.

"Mwang'amba nokha?"

"Nanga akadang'amba ndani? Ndawiritsanso mumphika wa ndiwo womwe uja."

A Kopolo adayendetsa chala pampendero wa nsaluyo. Kenaka adalankhula.

"Ephraim akadakhala ndi munthu ngati inu pafupi, bwenzi lero ali ndi adzukulu."

Ezelina adapukuta m'maso ndi nsonga ya chitenje, n'kulongedza zonse mwa dongosolo lake, choletsa magazi pamwamba.

"Tsono langa ndi liti pamenepa?" adafunsa a Kopolo.

"Lililonse lomwe dzanja lanu lagwira," adatero Ezelina, n'kukawakoleka onse awiri pamsomali umodzi.