Chilimwe Chimene Ndinkalira Amayi Ali Moyo

Linali diresi lachikasu la kolala yoyera, limene amayi anandigulira pa kaunjika ku Chinakanaka. Ndinapita nalo kutchalitchi kawiri kokha. Kenako amalume analichotsa pachingwe, nkuling'amba paphewa ndi mano, nkulipaka phulusa. Ati mwana wamasiye savala zowala. Mpaka lero ndikalikumbukira ndimapsa mtima, chifukwa nsanza m'nyumba mwathu zinalimo zodzaza dengu.

Amalume anali ndi gulu la zisudzo loyendayenda m'misika nthawi ya chilimwe, tiyi akachepa m'minda, anthu a ku esiteti ali pakhomo. Amene anandipereka kwa iwo ndi aphunzitsi anga. Anandikwapula tsiku lina chifukwa chochedwa, ndipo ndinalira mpaka makalasi ena anatuluka kudzaona. M'malo mopepesa, anakauza amalume kuti pakhomo pawo pali luso likungowonongeka.

Sewero linali lomwelo msika uliwonse. Mayi amadwala, amamwalira, abale amalanda katundu, kenako ndimalowa ine, mwana wamasiye wa diresi long'ambika lija. Mtembo unali thunthu la nthochi lokulungidwa m'chitenje, lozizira, lonunkha utomoni. Ntchito yanga inali kuligwera nkulira. Ku Nkando azimayi a nandolo ankasiya malonda nkumapukuta m'maso, makondakitala a minibasi ankaiwala kuitanira. Zinkandikomera, ndisaname. Sindinkadziwa kuti ndapeza ntchito ya moyo wonse. Lero ndili m'mafilimu, koma opanga mafilimuwo akafuna loya kapena namwino amaitana ena. Akafuna misozi ndiye amandiimbira foni ine.

Amalume sankakhutira. "Ukulira ngati wamenyedwa," ankatero. "Lira ngati munthu wamkulu, umufunse womwalirayo." Anandiphunzitsa kulira kwa pamaliro kwenikweni, kokoka kuja, nati ndiziyeserera m'mamawa pakhosi pasanalowe fumbi. Amalumewo munthu wamkulu ndithu, wobadwira m'mudzi momwemo, wodziwa bwino lomwe chimene kulira kotero m'mamawa kumatanthauza.

Ndinakayeserera kuseri kwa khola la mbuzi. "Amayi anga ine, mwandisiyira yani?" Ndisanafike ndi pakati pomwe, azimayi anali atayamba kufika, zitenje zili m'chiuno, ena akulira kale kuchokera kunjira. Bambo wina anabwera ndi khasu. Palibe amene anafunsa kuti wamwalira ndani, chifukwa mudzi wonse unkamva chifuwa cha amayi chaka chimenecho. Anawapeza amayiwo atakhala pakhonde, akusenda chinangwa.

Palibe anaseka. Amayi anadzuka, nathokoza anthuwo mmodzimmodzi, nawaperekeza mpaka panjira. Atabwerera sanandimenye. Anangouza amalume kuti, "Achimwene, mwanayu akundilaula. Zisudzo zanuzo zithere pomwepa."

Amalume anayankha kuti ndi sewero chabe, ndipo nkhani kwa iwo inathera pomwepo. Ine ndinatupa. Ndinakana kudya, ndinakana kusesa, ndinkayankha ndi mapewa. Ndinkaona ngati amayi ndi munthu wovuta wosafuna kuti mwana wake atchuke, pamene msika wonse wa Nkando unkandiloza ndi chala.

Loweruka lotsatira amayi analawirira kuchipatala, monga ankachitira kawirikawiri nyengo imeneyo. Asanakhote n'komwe, amalume anandikweza panjinga, ulendo wa kumsika wa ku Milonde. Ndani anaulula, sindikudziwa. Koma masana, ndili pakati polira, nditadzigwetsera pathunthu lija, ndinadzutsa mutu ndipo ndinawaona amayi kumbuyo kwa anthu, atatsamira mtengo pafupi ndi okonza njinga. Ndinadikira kuti abwere adzandikoke khutu. Sanasunthe. Anamvetsera mpaka kumapeto, mpaka anthu anaomba m'manja.

Pobwerera anakana njinga ya amalume. Tinayenda awiri, pang'onopang'ono, iwo akuima kuti apume, fumbi lofiira likutimata m'miyendo. Ndinkadikirabe kukalipiridwa. Titayandikira kwathu anandisasa phulusa paphewa.

"Umalira bwino," anatero. "Koma usamadzigwetse choncho, udzavulala. Ukamalira chotero pazikhala munthu wokugwira. Wamva?"

Ndinavomera msangamsanga. Ndinathamanga kukauza amalume kuti amayi alola, ndiponso atipatsa nzeru: m'sewero muwonjezedwe munthu wondigwira. Amalume anati n'zoona, zizioneka bwino. Ndinagona wokondwa kuti ndapambana. Sindinafunse zimene anawauza amayi kuchipatala tsiku limenelo, ndipo sizinandifike m'mutu kuti amayi sankanena za sewero.