Ukonde Umene Anautsekera Uli Wonyowa

Nkhondo yachiwiri ya padziko lonse itatha, asodzi a padoko pathu pafupi ndi Senga Bay tinayambitsa bungwe lobwereketsana ndalama. Ine ndinakongola zogulira ukonde wa ulusi wa thonje, ndipo ndinkabweza mwezi ndi mwezi mpaka pamene mkazi wanga anadwala. Anagona miyezi iwiri, namwalira mvula itangoyamba, n'kundisiyira ana atatu.

Ndinali mkamwini pamudzi wa kwawo. Titaika maliro, abale ake anatseka nyumba yathu namanga chitseko ndi luzi, chifukwa kwawoko nyumba ya womwalira salowamo. Kutchalitchi sitiphunzitsidwa zimenezo, koma sindinafune mkangano pamaliro. Ine ndi ana tinasamukira kwa mlamu wanga, ndipo iyeyo ndiye ankapita kunyanja ndi ukonde wanga kuti tipeze chakudya.

Tsiku lina m'mawa mlamuyo anabwera akuthamanga.

"Alamu, ukonde atenga! Tangokoka kumene, nsomba tisanathe n'komwe kuwonjola, a bungwe aukulunga."

"Wonyowa?"

"Ukudontha madzi."

Msodzi aliyense amadziwa kuti thonje likagona lonyowa masiku ochepa limawola. Ndinapita ku ofesi ya bungwe, kanyumba ka malata kokhala ndi chipinda chosungira katundu, m'mene anatsekera ukondewo. Kalaliki wathu anali mwamuna waulemu, wophunzira ku mishoni. Anandipatsa mpando, napepesa maliro, kenaka anatsegula buku la malamulo.

"Bambo, lamulo likuti munthu achenjezedwe katatu ndi kalata yosiyidwa panyumba pake. Makalata atatu anapita."

"Sindinaone ngakhale imodzi."

"Mesenjala anawasiya panyumba panu."

Ndinabwerera kumudzi, ndinakaima pakhonde la nyumba yotseka ija. Makalata onse atatu anali chitsomekere m'udzu wa tsindwi, pamwamba pa chitseko, chiswe chitayamba kale kudya imodzi. Kupatula mesenjalayo, panalibe amene anafikapo pakhonde limenelo chichokere maliro.

Ndinawatengera kwa wapampando wa bungwe, mkulu wina wachisilamu wogulitsa nsomba zouma, amene anabwera kudzakhuza maliro a mkazi wanga. Anawatembenuza m'manja, napukusa mutu.

"Wallahi, achimwene, mesenjala ameneyu ndi mlendo wa kuti? Watumiza makalata kwa akufa! Mlandu wanu umveka. Woyendera mabungwe akubwera kuchokera ku boma pakutha pa mwezi, ndipo komiti ikhala pansi."

"Sindikukana ngongole, akulu. Ndipatseni kiyi theka la tsiku lokha, ndiuyanike pamchenga inu mukuona, kenaka mutsekerenso."

Kalaliki, amene anali pomwepo, ndiye anayankha. Anati katundu wolandidwa sakhudzidwa ndi munthu aliyense mlandu usanamveke, ngakhale mwini wake, ngakhale wapampando. Lamulolo tinalivomera tokha pamsonkhano, poopa kuti a komiti angamagwiritse ntchito maukonde a anzawo. Ndikukumbukira kuti inenso ndinakweza mkono tsiku limenelo.

Ndinkapita ku ofesiko tsiku lililonse. Ndinapempha kuti auyanike okha ine ndili kutali. Ndinapempha kuti angotsegula zenera. Ndinawalonjeza njinga yanga kuti akhale nayo m'malo mwa ukonde, koma anati njinga sinalembedwe m'pangano. Tsiku lachisanu fungo linayamba kutuluka pansi pa chitseko. Ndinagwada pamaso pa kalaliki, ine wamkulu kwa iye, ndipo anachita manyazi mpaka anatuluka panja.

Mlamu wanga anati, "Loko ameneyu n'ngwa chitsulo chanji? Nkhwangwa ndili nayo." Ndinamuletsa. Ndinali mkulu wa mpingo, ndipo ndinadziwa kuti tikathyola, mlandu wanga wabwino usanduka wakuba. Ndinkangopemphera kuti Mulungu aumitse ulusiwo mumdima momwemo. Sindikudziwa ngati pemphero lotere n'loyenera, koma ndilo linali pakamwa panga. Kunyumba ana ankadya mango owiritsa.

Woyenderayo anafika patapita masabata atatu. Anamva mbali zonse mofatsa, anafunsa mesenjala, anafunsa ndi amayi awiri a pamudzi za mwambo wa nyumba. Anagamula kuti chenjezo silinandifike, kuti kulandako kunali kolakwika, ndipo ukonde ubwezedwe kwa ine nthawi yomweyo. Anthu anaomba m'manja. Wapampando anandigwira dzanja, nati, "Alhamdulillah, mwawina."

Kalaliki anatsegula chitseko. Ine ndi mlamu wanga tinagwira mbali imodzi kuti tinyamule, ndipo ulusi unatsalira m'zala zathu ngati ndere. Zimene zinatuluka zamphumphu ndi zingwe ndi miyala yokha.

Ndinafunsa woyenderayo kuti nanga ngongole ya ukonde woterewu itani. Anatsegula buku lake, nafufuza nthawi yaitali, nati za katundu woonongekera m'manja mwa bungwe sizinalembedwemo, alembera akuluakulu ku Zomba. Pakali pano ndipitirize kubweza.

Sabata yotsatira ndinakalembetsa ganyu yokoka ukonde wa munthu wina ku Chipoka. Ndinabweza ngongoleyo zaka ziwiri, mpaka ndalama yomaliza. Yankho la ku Zomba sindinalimve.