Masamba Atatu a Pansi pa Bulangete

Ndikakumbukira Anambewe, chimene chimayamba kundifikira si nkhope yawo ayi, koma fungo la nsalu yonyowa ikakumana ndi simbi yotentha, fungo la sitachi losakanikirana ndi la tiyi wa mkaka amene ankazizira pawindo osamwedwa, kwinaku eyakoni yokalamba yoziziritsa m'chipinda ikulira ngati ili ndi chifuwa, ndipo pansi mumsewu wa ku Karama, mumzinda wa Dubai, amalonda akuitanizana m'zilankhulo zimene mpaka lero sindizidziwa zonse. Ndinali ndi zaka khumi, chaka cha 2002. Amayi anali namwino pa kachipatala kena, abambo anali mlonda pa hotela, ndipo ine ndikaweruka kusukulu ndinkapeza m'nyumba muli zii. Ndiye ndinkagogoda chitseko choyandikana ndi chathu.

Anambewe ankagwira ntchito m'banja lina la amwenye limene linachokera nawo ku Limbe, Dubai asanatchuke. Ankaphika, ankachapa, koma ntchito imene ankainyadira inali kusita. Anali ndi kachipinda kuseri kwa khitchini, momwe munali bedi, sutikesi, ndi tebulo lositirapo lokutidwa ndi bulangete ndi nsalu yoyera pamwamba pake. Sanali munthu wa nsangala. Ukalowa osagogoda ankakubweza kuti ukayambirenso, ndipo ukawapatsa moni wa Chingerezi ankayang'ana kumbuyo kwawo ngati akufufuza mzungu amene ukumulankhulayo.

Tsiku lina ndinawapeza akusita buku. Anali atachepetsa moto wa simbi, atayala kampango pamwamba pa tsamba, akuyendetsa dzanja pang'onopang'ono ngati akusisita mwana wodwala malungo. Anati chinyontho cha ku Dubai chimapinda mapepala, ndipo iwo sangalole chinthu chamakwinya m'chipinda mwawo. Bukulo linalibe chikuto, moti dzina lake ndi la amene analilemba palibe ankazidziwa. Analigula malemu amuna awo, amene anali telala pa khonde la sitolo ku Limbe, ndipo ankawawerengera pang'onopang'ono mpaka imfa inawadukiza nkhani ili pakati. Anambewe sankadziwa kuwerenga. Sanachite nazo manyazi, anangondiponyera bukulo pamiyendo.

"Ati umapita kusukulu iwe. Yalla, tiye werenga."

Ine Chichewa ndinkangochilankhula, kuchiwerenga ndinali ndisanayesepo. Ndinkapunthwa pa liwu lililonse lalitali, ndinkabwerera, ndinkameza malovu, iwo n'kumaseka osatukula mutu pa malaya amene akusita. "Ukuwerenga ngati mbuzi ikuwoloka mlatho wa mitengo," ankatero. Koma tsiku lotsatira ndinkapeza buku lili pa bedi, tsamba limene tinalekezera ataika ulusi.

Inali nkhani ya anthu oyamba kukhala m'tauni, nthawi imene tauniyo inali njanji, sitolo zitatu ndi misasa ya udzu m'mbali mwa phiri. Munali Ayao, Alomwe, Angoni ndi Atonga, anthu osadziwana amene ankalimbirana chitsime m'mawa koma madzulo n'kukumba limodzi manda a mlendo wopanda mbale. Munali kalaliki wina wonyada amene ankayenda ndi ambulera ngakhale kunja kuli ngwee, ndi mlonda wina amene ankalemba makalata kumudzi kunena kuti ndi kapitawo. Titafika pa mlondayo Anambewe anaimika simbi. "Ameneyo ndimamudziwa," anatero, "amakhala konkuno ku Satwa, amapemphera nafe Lachisanu." Koma mtima wa nkhani yonse unali pa Esinati, mayi amene anasiya mwana wake wamng'ono kwa mchemwali wake napita kukaphikira anthu a pa njanji, akuti chaka chimodzi chokha, ndipo chakacho chinabala zaka zina.

Nthawi zina tinkakwera padenga kukaanula zovala, zouma gwa ngati zikopa, ndipo ankandilozera kutali cha ku msewu waukulu wopita ku Abu Dhabi, kumene makina ataliatali ankanyamula zitsulo m'fumbi. Kumene lero kuli nyumba zagalasi za Business Bay kunali mchenga wokhawokha. "Waona? Buku lija ndi ilo," ankatero. "Tauni iliyonse amaimanga ndi anthu amene anasiya ana kwinakwake." Ine ndinkaganiza kuti akunena za amuna ovala zipewa zachikasu amene ankagwira ntchito pa makinawo basi.

Patatha miyezi iwiri tinafika pa tsamba lomaliza. Esinati anatsika lole pa mphambano ya kwawo, anasenza mtolo wake, anaona denga la nyumba ya mchemwali wake, ndipo buku linathera pomwepo, chiganizo chili pakati. Ndinatembenuza, ndinaligwedeza, ndinayang'ana pansi pa bedi.

"Anti, kwinaku kuli kuti?"

"Chiswe."

Ndinali mwana koma sindinali chitsiru. M'mphepete mwa masamba osowawo munali mowongoka bwinobwino, ndipo chiswe chogwiritsa ntchito sizasi ndinali ndisanachimvepo. Nkhaniyo inandisowetsa mtendere. Ndinkakhala m'kalasi, aphunzitsi akulemba masamu pa bolodi, ine mtima uli pa mphambano paja ndi Esinati. Ndinafunsa abambo ngati analiwerengapo, anati mabuku otero ankawaona kusukulu kalekale koma onse anasokonekera m'mutu. Ndinafunsa amayi, ndipo iwo m'malo moyankha za buku anandiuza za Anambewe.

Anali ndi mwana wamkazi, dzina lake Mwandida. Anamusiya ali ndi zaka zinayi kwa mng'ono wawo ku Ntcheu, ndipo panali patapita zaka khumi ndi zitatu osapondako. Katundu ankatumiza, makalata ankalembetsa, koma mayankho onse ankachokera kwa mng'ono wawoyo, kwa mwana kunalibe ngakhale mzere umodzi. Tsono banja la amwenye lija linali kusamukira ku Canada kumapeto kwa chaka, ndipo Anambewe ankayenera kubwerera ku Malawi. Anali atauza amayi kuti ku Ntcheu sakafikako. Akakhala kwa mnzawo wina ku Ndirande, azikasita zovala za anthu mwakachetechete, chifukwa kukaima pamaso pa mwana wako iye n'kukufunsa kuti mukufuna ndani, iwo sakanapirira. "Usakalankhule zimenezi," anandichenjeza amayi, ndipo ndinavomera ndi mutu.

Masambawo ndinawapeza osawafufuza n'komwe, ngakhale ndivomere kuti ndinali nditasuzumirapo kale m'sutikesi mwawo kawiri. Linali Lachinayi masana, tsiku lopanda sukulu ku Dubai nthawi imeneyo. Nsalu ya pa tebulo lositira inali itapserera, ndipo anandituma kuti ndiichotse pamene iwo ankakatenga ina. Nditakoka nsalu, bulangete linatsatira, ndipo pansi pake panagona masamba atatu achikasu, osalala ngati ndalama yatsopano chifukwa cha kusitidwa tsiku ndi tsiku kwa zaka zambiri. Ndinawawerenga chamumtima nditaima pomwepo. Nditakweza maso ndinaona Anambewe ali pakhomo, nsalu ili pa mkono.

Ndinayembekeza khofi. M'malo mwake anakhala pa bedi, anavula mpango kumutu n'kuumanganso.

"Mayi wina wa ku Chipata ndiye anandiwerengera mpaka pa lole paja," anatero. "Ndinamuuza kuti khalas, ima pomwepo. Atachoka ndinadula ndekha. Kutaya ndinalephera, kumva ndinalephera. Tsono poti wayamba kale kuba ndi maso, malizitsa. Werenga mokweza."

Ndinayamba. Esinati anafika pabwalo, mchemwali wake anamulandira mtolo, anthu anasonkhana. Koma ine ndinkadziwa zimene zinali m'munsimo, ndipo ndinkadziwanso za Mwandida. Ndiye nditafika pamene mwana akutuluka m'nyumba, ndinasiya za papepala. Maso ali pa tsamba, chala chikuyenda pa mizere, ndinanena kuti mwanayo anathamanga, anagwera amayi ake m'manja, analira, anati ndinkakudikirani tsiku lililonse pa mphambano, ndipo anthu anapha mbuzi. Ndinkadziona wochenjera kwambiri.

"Tadala."

"Wawa."

"Miyezi iwiri wakhala ukupunthwa ngati woledzera. Lero mwadzidzidzi ukuthamanga ngati wailesi, wadya chiyani? Ukunama iwe. Bwerera pamene mwana akutuluka."

Manyazi anandigwira mpaka kuzala za kumapazi. Ndinabwerera, ndipo ndinawerenga zoona, mopunthwa monga mwa masiku onse. Mwanayo anatuluka, anayang'ana Esinati, anabisala kumbuyo kwa mayi amene anamulera n'kufunsa kuti mlendoyu achoka liti. Esinati anamupatsa diresi, mwana anailandira ndi manja awiri ngati mmene amalandirira mphatso ya munthu wachilendo. M'mawa mwake, anthu asanadzuke, Esinati anasenza mtolo wake n'kubwerera ku tauni, kumene anakalamba naikidwa ndi anzake a pa chitsime paja. Nditamaliza ndinkalira, osati chifukwa cha Esinati, koma chifukwa ndinkaona ngati ndawatsekera Anambewe njira ya ku Ntcheu ndi pakamwa panga.

 Iwo anafunsa funso limene sindinaliyembekeze.

"Anagonako masiku angati?"

Ndinayang'ananso pa tsamba. "Limodzi."

"Limodzi?" Anaimirira. "Tsiku limodzi lokha? Zaka zonse zija ndakhala ndikumuopera chitsiru chimenechi? Mwana wamusiya akuyamwa chala, lero ukufuna akudziwe dzuwa lisanalowe kawiri? Ngakhale kolala ya malaya siwongoka ukangoipitira kamodzi!" Anayatsa simbi, anayala nsalu yatsopano, nayamba kusita mwaukali ngati malayawo ndiwo anawalakwira, uku akumutukwana Esinati, akumutukwananso wolemba wopanda dzina uja chifukwa chomulola kukwera lole. Ine ndinangoti kakasi, misozi ikuumira pamasaya. Ndinali ndisanaonepo munthu akukangana ndi buku, ndipo buku n'kugonja.

Ananyamuka mu Disembala. Bukulo anatenga, anati Mwandida akawawerengera akafuna, koma masamba atatu aja anandisiyira. "Awa ndi ako, poti unawaba," anatero. Amayi atawafunsa ngati mnzawo wa ku Ndirande akawachingamira, anayankha kuti amuuza asavutike, iwo akutsikira ku Ntcheu ndipo sakuchokako mpaka wina atawanyamula.

Kalata yoyamba inafika patatha miyezi inayi, yolembedwa ndi dzanja laling'ono losamala limene sitinkalidziwa. Inali yaifupi, youma. Inayamba motere: "Mayi aja munkakhala nawo kumeneko ati ndikuuzeni kuti anafika bwino." Pansi pake panalembedwa dzina la Mwandida. Amayi anaipinda, ndipo ine ndinapita kukayang'ana masamba anga atatu ndi mkwiyo. Tinayankha, kenako kunangoti zii, chilimwe chonse cha ku Dubai chinadutsa, ine n'kulowa kalasi ina.

Yachiwiri inabwera chaka chitatha, dzanja lomwelo. Amayi anaiwerenga ataima pakhomo, chikwama cha kuntchito chikadali paphewa, ndipo anangowerenga mzere woyamba n'kukhala pansi. Anandipatsa kuti ndione ndekha. "Amayi akuti ndikufunseni ngati Tadala akupunthwabe powerenga. Ine ndawawerengera buku lija kawiri, koma akukana kundiuza mmene linathera."

Lero ndine mayi wa ana awiri, ndimakhala ku Silicon Oasis, malo amene nthawi ija anali chipululu, ndipo pawindo langa ndimaonabe makina ataliatali ndi amuna a zipewa zachikasu. Mabuku akale onena za anthu oyamba a m'matauni ndawerenga ambiri, ndipo lija lopanda chikuto sindinalipezebe dzina. Masamba atatu aja ali m'kabati mwanga pansi pa zovala zositidwa. Chaka chatha ndinapita ku Malawi ndi ana anga kukaona apongozi, ndipo anawo anakana chakudya, anakana kunyamulidwa, wamng'ono anafunsa mokweza kuti tibwerera liti kwathu. Apongozi anakhumudwa, amuna anga anayamba kunong'ona zoti mwina tifupikitse ulendo. Ine ndinatsegula sutikesi, ndinatulutsa zovala zonse mpaka pansi, n'kufunsa apongozi kumene amasunga simbi.